Mabuku Awiri a Alamu Anga

Alamu anga a Sosten ndi munthu woti akasochera mu Leicester muno, amalolera kuzungulira ndi basi mpaka ibwerere pomwe inanyamukira, koma kufunsa dalaivala ayi. Kwathu ku Dedza anali aphunzitsi a pulayimale, ndipo uphunzitsiwo sunawachoke, ngakhale kuti atha zaka zambiri akusambitsa nkhalamba za azungu panyumba ina yosamalira okalamba ku Wigston. Amanyamuka atamanga tayi, n'kukaivula pofika kuti avale yunifolomu. Ine ndine Virginia, mng'ono wa malemu akazi awo, a Tiyanjana. Chilamu chimandilola kuwanena pamaso, choncho zambiri zimene ndilembe panozi anazimva kale pakamwa panga.

Achemwali anga ndiwo anayamba kubwera, nthawi ija manesi ankachoka ku Malawi ngati m'nyumba mwalowa njoka. Alamu anatsatira pambuyo ndi mwana wawo wamkazi mmodzi yekhayo, Chiku. Mwanayu anadwala malungo aakulu ali wamng'ono. Anachira, koma kumva kunapitiratu. Anapeza nyumba ku Beaumont Leys, ndipo ine nditabwera ndinayamba ndakhala nawo ndisanapeze kwanga.

Chiku anamupezera malo pasukulu ya ana osamva ku Derby, ndipo kumeneko ndiye anatseguka. Akabwera Lachisanu manja ake sankakhala pansi. Ankafotokoza za aphunzitsi, za anzake, za yemwe wamenyana ndi yani, masaya akufufuma, nsidze zikukwera ndi kutsika. Achemwali anayamba kuphunzira kwa iye chinenero chamanjacho mpaka anachidziwa bwino. Ine ndinatolako pang'ono, zokwanira kumufunsa ngati wadya ndiponso kujeda naye anthu m'tchalitchi ulaliki uli mkati.

Alamu anakana. Ankati mwana woleredwa bwino salankhula ndi mkulu atamutuzulira maso, ndipo saloza munthu ndi chala. Akaitanidwa amagwada, n'kuyang'ana pansi, n'kumvetsera. Sindingawatsutse kuti ndi bodza, tonsefe tinaleredwa choncho. Koma Chiku ankamvera m'maso, poyang'ana milomo ndi manja a munthu. Ndiye bambo ake ankamukodola, iye n'kugwada pakapeti maso ali pansi, iwo n'kuyamba kulangiza, kuwerenga vesi, kutchula mayina a makolo. Akamaliza ankamugwira paphewa kuti anyamuke. Mawa lake mwanayo akapanda kuchita zimene anamuuza, ankati ndi wamwano. Achemwali ankalimbana nawo mpaka kutopa, koma iwo yankho linali limodzi: "Sukulu imuphunzitse za azungu, mwambo ndimuphunzitsa ine."

M'basi, Chiku akayamba kulankhula ndi mayi ake, bambo ankamugwira manja onse awiri n'kuwaika pamiyendo pake. "Anthu akutiyang'ana," ankatero. Lamlungu a Malawi anzathu akabwera kudzacheza pochokera kutchalitchi, Chiku ankatumizidwa kuchipinda cham'mwamba kuti akawerenge. Panalinso chaka china chimene ankapita naye kumapemphero muholo ya lendi ku Belgrave, kumene m'busa wina wa ku Zambia ankamulowetsa zala m'makutu n'kumakuwa. Mwanayo ankabwerako makutu ali psuu, osadya. Zimenezi zimandipsetsa mtima mpaka lero, chifukwa alamu si munthu wankhanza. Mwanayo ankamugulira nsapato zabwino kuposa zawo.

Chiku anakula, anamaliza koleji, n'kuyamba ntchito. Kenako anabwera ndi mnyamata dzina lake Rawiri, kalipentala, wosamvanso, wa mtundu wa Amaori a ku New Zealand, yemwe anabwera kuno kudzagwira ntchito. Tsiku loyamba kulowa m'nyumbamo, mnyamatayo anafuna kupereka moni wa kwawo, wogunditsana mphuno. Alamu anadumphira m'mbuyo mpaka kugwetsa vazi ya maluwa. Mkamwini kwathu amakhala patali, apongozi n'kumamuyang'ana m'mbali. Ukwati unachitika mu 2015, ndipo pasanapite nthawi awiriwo anasamukira kwawo kwa mwamunayo ku New Zealand. Chaka chotsatira kunabadwa mwana wamkazi, Marama, yemwe amamva bwinobwino.

Lamlungu lililonse achemwali ankaimika foni patebulo n'kumacheza ndi Chiku pavidiyo. Alamu ankadutsa kumbuyo, n'kukweza dzanja ngati akuimitsa basi, kenako n'kufunsa kuti, "Akuti chiyani?" Achemwali ankawauza. Iwo akayankha, achemwali ankatembenuza, ndipo ine ndikudziwa kuti potembenuzapo ankathirako shuga. Chilichonse cha pakati pa bambo ndi mwana chinkadutsa m'manja mwa mayi.

Mu 2018 achemwali anagwa ali pantchito, sitiroko, ndipo sanadzukenso. Tinawaika konkuno, monga ananenera okha kuti tisadzavutike ndi ndege. Chiku anabwera yekha kumaliro n'kufikira kwa ine. Ndinawaona bambo ndi mwana atakhala pabalaza limodzi, wina mpando uwu wina uwo, ngati anthu odikira dokotala. Chiku ankalemba pafoni n'kuwapatsa, iwo n'kuyankha m'Chingelezi cha aphunzitsi, chokhala ndi makoma onse m'malo mwake. Atabwerera, mavidiyo a Lamlungu anatha. Ankangotumizirana mawu awiri atatu pa Khirisimasi ndi pa tsiku lobadwa.

Kumayambiriro kwa 2019 Chiku anandiimbira pavidiyo. Anati abwera mu Julayi kudzaona chiliza cha mayi ake chikuvundukulidwa, ndipo abwera ndi mwamuna wake ndi mwana. Kenako anandiuza mosapita m'mbali kuti akubweranso kudzaona ngati m'nyumba ija mwatsala chomubweretsa. Ngati mulibe, ulendo umenewu ndi womaliza, chifukwa njirayo ndi yaitali ndipo mwana sangamamuvutitse kupita kwa munthu amene sacheza naye. Ine sindisunga mawu m'masaya. Tsiku lomwelo ndinakwera basi n'kukawauza alamu mmene ananenera. Anangovula magalasi n'kuyamba kuwapukuta.

Patapita milungu ingapo ndinapita kukawathandiza kulongedza zovala za malemu. Nditakhala pasofa ndinamva chinthu cholimba pansi pa khushoni. Anali mabuku awiri a kulaibulale. Lina linali lalikulu, lodzaza zithunzi za anthu atakweza manja, ndi timivi tosonyeza kumene dzanja lizipita. Linalo linali laling'ono, la mawu a Chimaori ndi matanthauzo ake m'Chingelezi.

"Alamu, izi ndiye ziti? Mwayamba kubisa mabuku ngati mwana wa sukulu wobisa kalata ya chibwenzi?"

"Bwezerani pomwe mwawapeza, mlamu."

"Chamanjachi ndamva. Nanga Chimaori? Mkamwini wanu samva, mudzamulankhula kuti chikalowe pati?"

"Ndi cha mdzukulu wanga. Akuti nasale imene amapita amalankhula chimenechi. Ndisakhale agogo osalankhula."

Ndinawaseka, koma mumtima ndinamva chisoni. Anandiuza kuti mayi wina wa palaibulale ya ku Beaumont Leys, dzina lake Safura, ndi amene anawafunira mabukuwo, ndipo la Chimaori anachita kuliitanitsa kutali. Mayi yemweyo anawauza kuti mutauni muli kalasi ya madzulo, yophunzitsidwa ndi anthu osamva eni ake, ndipo anawalembera malo ake.

"Ndiye mwajoina?"

"Ndikakhale pabenchi ndi ana, munthu wa msinkhu wanga? Komanso kalasiyo ikuklasha ndi mashifiti anga."

"Mashifiti amaswopedwa, alamu. Inu nomwe mumaswopa kukakhala mpira."

"Kumeneko kumapita akazi a Lovemore a kutchalitchi kwathu aja, amachita za ntchito yawo. Mawa mpingo wonse udziwe kuti Sosten akuphunzira kugwedeza manja?"

"Chabwino, bwerani kwathu Lamlungu. Ine ndimadziwako pang'ono. Inu muzilankhula, ine ndizikuyankhani."

Anandiyang'ana pamwamba pa magalasi. "Mlamu, ine ndaphunzitsa ana osawerengeka kuwerenga ndi kulemba. Chimene chili m'buku ndimachitulutsa ndekha. Buku silinama."

"Silinama, koma siliyankha. Safunsa anadya phula."

Anaseka n'kunena kuti pakamwa panga ndi pomwe panandilepheretsa kukwatiwa kawiri. Nkhani inathera pomwepo.

Koma ndinene zoona, bambo aja analimbikira. Ankaima pagalasi la kubafa buku lili pasinki, kuyeseza chithunzi chimodzichimodzi. Pa nthawi yopuma kuntchito, anzawo akumwa tiyi, iwo ankakhala pakona kupinda zala. Zalazo ndi zouma, zong'aluka chifukwa cha magolovesi ndi sopo wa tsiku ndi tsiku, ndipo zina sizipindika bwino. M'basi yopita ku Wigston ankayesezanso, koma manja ali pansi pa jekete. Bukulo linkanena kuti nkhope nayo imalankhula, kuti pofunsa nsidze zizikwera, pokana milomo izisintha. Zimenezo anazidumpha. Anati bambo sangamakwinye nkhope pamaso pa mwana wake ngati wa zisudzo. Choncho manja ankayenda, nkhope ili ngati ya pa pasipoti.

Chimaori ndiye anachikonda. Anapeza kuti zilembo zake zimatchulidwa pafupifupi ngati zathu, ndipo ankandiimbira foni kuti andiwerengere moni, manambala, mayina a mbalame zimene sanazionepo. Ndikamva mawu awo pafonipo ndinkakumbukira kuti munthuyu analidi mphunzitsi, ndipo mwina anali wabwino.

Julayi anafika. Chiku ndi banja lake anafikira kwa ine. Loweruka tinapita kumanda, abusa anapemphera, nsalu inachotsedwa pachiliza, tinaimba nyimbo imene malemu ankaikonda. Kenako tonse tinapita ku Beaumont Leys. Nyumba inadzaza. Panali mpunga, nkhuku, ndi masamusa amene ndinakagula pa Belgrave Road. Marama, kamwana ka zaka zitatu ka tsitsi lambiri, kanali katakakamira mwendo wa bambo ake chifukwa cha anthu achilendo.

Alamu ananjuta pamaso pake, mawondo akulira, n'kumupatsa moni m'Chimaori. Anamutchula kuti mokopuna, ndiko kuti mdzukulu. Kamwanako kanatsegula maso, n'kusiya mwendo uja. Kanayankha mawu ambirimbiri, iwo n'kuyamba kuwerenga zala zake m'chinenero chomwecho, iko n'kumamaliza. Posakhalitsa kanali katakhala pamiyendo pawo kakukoka tayi. Rawiri anamwetulira n'kugwedeza mkazi wake kuti aone. Chiku anayang'ana nthawi yaitali, mbale ili m'manja. Tsiku limenelo sanamutumize aliyense kuchipinda cham'mwamba, ndipo ine ndinati mwina zitheka.

Lamlungu masana tinabwereranso kukathandiza kukonza m'nyumba. Alamu anali atamanganso tayi. Anandikokera pambali.

"Ndikufuna ndilankhule ndi mwana wanga. Ndekha. Inu mukhale kukhitchini, musatulukeko."

"Ndingoima patali, mwina mungafune thandizo."

"Zaka zonsezi pakati pathu pakhala munthu. Lero ayi."

Apa sindinawatsutse, chifukwa ananena zoona. Anamukodola Chiku n'kutuluka naye kuseri kwa nyumba, pakapinga pamene achemwali ankalima mpiru m'mabeseni. Rawiri anali pabalaza ndi mwana. Ine ndinaima pasinki, ndipo zenera la pasinkipo limayang'ana kuseri komweko. Kuipa kwa chinenero chamanja n'komweko, galasi silibisa kanthu.

Alamu anaima chilili ngati ali kutsogolo kwa kalasi. Anakweza manja. Mawu ankatuluka limodzilimodzi, ndipo ndinkawamva. Mwana wanga. Ine bambo ako. Ndaphunzira. Mayi ako palibe. Tatsala awiri. Pepa. Ndikufuna tizicheza. Uzibwera.

Chiku anagwira pakamwa. Misozi inayamba kutsika, ndipo nanenso ndinkalira, madzi akungotayika pampopi. Chibadwire chake anali asanaonepo manja a bambo ake akumuuza kanthu.

Ndiyeno anayankha. Manja ake anamasuka ngati mmene ankachitira pochokera ku Derby, koma tsopano anali a mayi wamkulu amene wasunga zinthu zaka zambiri. Ine ndinkangotolako apa ndi apo: kapeti, basi, m'busa uja, chipinda cham'mwamba, mayi ake. Sankakalipa. Ankafotokoza, akulira, nthawi zina akuseka. Ndinayang'ana alamu ndipo mtima wanga unagwa. Sankamva chilichonse. Anthu a m'buku lawo ankaima phee, dzanja limodzi pamalo amodzi mpaka iwo atamaliza kuliyang'ana. Munthu wamoyo akulankhula ndi manja anali asanamuyang'anepo, ngakhale kuti anakhala naye m'nyumba zaka zonse zija.

Panangofunika chinthu chimodzi chokha, kumuuza kuti bwereza, pang'onopang'ono. Chizindikiro chake chili kumayambiriro kwa buku lawo lomwelo, ndipo ankachidziwa. Koma mkulu sauza mwana kuti sindinamve, makamaka mkulu amene anagwirapo choko. Anayamba kugwedeza mutu monga amachitira akuluakulu pamilandu, akumwetulira, chibakera chawo chikuchita chizindikiro chovomera kuti inde, inde.

Chiku anasiya. Anapukuta m'maso, n'kuwayang'anitsitsa. Kenako anafunsa funso limodzi, mwapang'onopang'ono, nsidze atakweza, moti ngakhale ine wa theka ndinalimva lonse.

"Kodi munkachita nane manyazi?"

Alamu anamwetulira, n'kuvomera.

Ndinamenya zenera ndi chikhatho mpaka sopo anathimukira pagalasi. Iwo anamva, koma sanatembenuke, anangondikupiza ndi dzanja kuti ndisiye. Chiku anabwereza funso lija, pang'onopang'ono kuposa poyamba, n'kudikira manja ali m'malere. Iwo anavomeranso, n'kuwonjezera chala chachikulu m'mwamba.

Chiku anaima pamenepo kanthawi. Kenako anagwira bambo ake pamkono mofatsa, n'kulowa m'nyumba. Ndinamutsekereza pakhonde la m'kati manja anga ali chonyowa, ndikulakwitsa zizindikiro chifukwa chofulumira.

"Sanamve! Mwana wanga, bambo ako sanamve funso lako!"

"Ndikudziwa, anti," anayankha. Nkhope yake inali itauma. "Ndinaona kuyambira pachiyambi kuti sakumva. N'chifukwa chake ndinafunsa funso limenelo. Ndinkadikira kuti anene kuti bwereza. Ndikanabwereza mpaka mawa, ndikanawaphunzitsa ndekha. Koma alolera kuvomera chilichonse kusiyana ndi kundifunsa ine."

"Ayesetsa. Miyezi yonseyi akhala ali pabuku."

"Ndaona, ndipo ndathokoza. Aphunzira kuti azindiuza. Kundiuza ankandiuza kale."

Analowa pabalaza, n'kulankhula ndi mwamuna wake mwachidule. Rawiri ananyamula mwana, yemwe ankalira kuti akufuna agogo ake aja odziwa kuwerenga zala, ndipo anatuluka kupita kugalimoto imene anabwereka. Chiku anandiuza kuti ndikawapeza kwathu.

Nditatuluka kuseri ndinapeza alamu akupukuta thukuta ndi kampango, nkhope ikuwala. Chimwemwe chotero ndinali ndisanachione pa iwo chiyambire maliro.

"Mlamu, mwaona? Talankhula! Munkati buku siliyankha. Mwana walira ndi chisangalalo. Wapita kuti, akukatenga mdzukulu wanga?"

Ndinafuna kunama. Koma ndege yawo inali ya Lachinayi, ndipo bodza likanawadyera masiku otsalawo.

"Alamu, khalani pansi. Mwamva zimene amanena?"

"Zambiri ndamva."

"Musandinamize ine, ndinali pazenera. Funso lomaliza lija, limene wafunsa kawiri, mwalimva?"

Anasiya kupukuta thukuta lija, ine n'kuwauza.

"Wakufunsani ngati munkachita naye manyazi. Inu mwati inde. Kawiri, mukumwetulira."

Anakhala pampando wapulasitiki umene unali pamenepo. Kampango kaja kanagwa pansi, osakatola. Kutsogolo kwa nyumba tinamva galimoto ikulira, n'kunyamuka.

Ndinatulutsa foni yawo m'thumba la jekete limene linali pachitseko n'kuwaika m'manja. Ndinali nditapsa mtima, ndipo sindinasankhe mawu.

"Mbewa ya manyazi inafera kuuna, alamu. Lembani meseji pompano. Muuzeni kuti simunamve, kuti munachita mantha kufunsa. Mupempheni abwere mawa, akhale nanu pansi, abwereze zonse pang'onopang'ono. Akadali mu Leicester muno mpaka Lachinayi. Lembani!"

Anatsegula foniyo. Anapeza dzina la Chiku. Chala chawo chouma chija chinaima pamwamba pa zilembo nthawi yaitali, ine ndili chiimire pambali pawo. Kenako anaitembenuza foniyo n'kuiika pabondo chafufumimba.

"Ndikalemba kuti sindinamve, abwera," anatero, mawu ali pansi. "Akabwera adzafunsanso funso lomwelo, ndipo ulendo uno ndidzalimva. Ndiye mlamu, ndidzamuyankha kuti chiyani?"